Mikael Persbrandt: kuchoka pa Gunvald kufika pa Hammarskjöld

Kamwana: Anthu inu tandithandizeni, takangana ndi mlongo wanga. Mzungu amene wasewera ngati Dag Hammarskjöld, mlembi wamkulu wakale wa United Nations, mufilimu ya 2023 ija, si pulambala uja wa mu Sex Education? Iye akukana kwamtuwagalu, akuti ndi anthu awiri. Ine ndikuona nkhope ndi yomweyo, kungoti uku wavala suti ndipo akuyankhula mofatsa.

Nangozo wa ku Uppsala: Mlongo wakoyo agule fanta, waluza. Ndi munthu mmodzi, dzina lake Mikael Persbrandt, anabadwa mu 1963 ku Jakobsberg, kunja pang'ono kwa Stockholm. Koma kuno ku Sweden ukamutchula kuti "pulambala wa pa Netflix" anthu akuyang'ana modabwa. Kuno amamudziwa kuti Gunvald, basi. Anakhala Gunvald Larsson mu mafilimu a Beck kuyambira 1997 mpaka 2016. Ana amene anabadwa akuyamba ntchitoyo anali atamaliza sekondale pomwe ankaisiya.

Kamwana: Beck ndiye chiyani?

Nangozo wa ku Uppsala: Mafilimu a apolisi ofufuza milandu yakupha ku Stockholm. Anthu ake anachokera m'mabuku 10 amene Maj Sjöwall ndi Per Wahlöö analemba pakati pa 1965 ndi 1975. Martin Beck, amene amasewera ndi Peter Haber, ndi bambo wofatsa, wotopa, woganiza kawiri asanayankhule. Gunvald ndi mnzake wa ntchito wosiyana naye kutalitali: wamtali, wovala zodula, mkamwa moipa, wosachedwa kugwira munthu pakhosi. Akalowa m'chipinda chofunsira mafunso umadziwiratu kuti mpando wina ugwa. Ndipo anthu ankamukonda kuposa mwini filimu.

Phiri wa ku Jozi: Ndiye vuto lake ndi lomwelo. Ndaonera zingapo za munthu ameneyu ndipo kwa ine amasewera munthu mmodzi yekha. Chibwano cholimba, maso ozizira, mawu okhuthala. Mu Beck ndi wolusa. Mu Hamilton ya 2012 ndi kazitape wolusa. Mu The Hobbit anamupatsa kukhala Beorn, munthu wosanduka chimbalangondo, mwaona? Ngakhale wokonza filimuyo Peter Jackson anangomuyang'ana n'kuti uyu ndi chilombo. Luso lili pati munthu akamangobwereza zomwe thupi lake linamupatsa kale?

Nangozo wa ku Uppsala: Achimwene a Phiri, mwasankha zitatu zokhazo zimene zikugwirizana ndi mfundo yanu.

Phiri wa ku Jozi: Onjezani The Salvation ya 2014, anaijambula konkuno ku South Africa. Akusewera ngati mchimwene wake wa Mads Mikkelsen, mfuti m'manja. Zinayi.

Mphunzitsi Wopuma: Ndilowepo ana anga. A Phiri, kodi munaonera filimu ya Susanne Bier ya 2010, imene m'Chingelezi anaitcha In a Better World? Inapata mphoto ya Oscar mu 2011 ngati filimu yopambana ya chiyankhulo chakunja. Ngati simunaione, mlandu wanu mwaugamula mboni yaikulu isanalowe.

Persbrandt m'menemo ndi Anton, dokotala wa ku Sweden amene banja lake lili ku Denmark koma iye amagwira ntchito kumsasa wa anthu othawa nkhondo muno mu Africa. Mbali imeneyo anaijambula ku Kenya. Pali malo amodzi amene ndimafuna muwaone. Mwana wake wamng'ono wakangana ndi mwana wina pa katungwe. Anton akupita kukaleretsa. Bambo wa mwana winayo, makaniko, akubwera n'kumuwaza khofi pamaso pa ana. Anton sakubwezera. Kenako akutenga anawo kupita nawo kugalaja kwa makaniko uja, kuti awaonetse kuti munthu wachiwawa saopsa, ndipo kumeneko akuwazidwanso makofi. Iye ali chiimire, manja ali pansi.

Tsono yang'anani nkhope yake pamenepo. Si nkhope ya munthu wamantha. Ndi munthu wamkulu thupi amene mukuona kuti atafuna akhoza kumupinda makanikoyo, ndipo akulimbana ndi dzanja lake lomwe. Mukanaikapo munthu wowonda, wa nkhope yachifundo, malowo akanafa, chifukwa tikanati wangoopa. Amene anamusankha ankadziwa kuti oonera a ku Sweden ndi Denmark akhala zaka 13 akumuona akumenya anthu ngati Gunvald. Chimene inu mukuchitcha kubwereza ndi chimene chikupatsa malowo mphamvu.

Phiri wa ku Jozi: Aphunzitsi, ndiye mukuvomereza kuti luso ndi la womusankhayo, osati lake.

Mphunzitsi Wopuma: Ayi. Womusankha anangotsegula chitseko. Kuonetsa mkwiyo n'kosavuta, aliyense wa gulu la zisudzo kusukulu amatha kukalipa ndi kugwetsa tebulo. Kuonetsa mkwiyo umene ukumezedwa, popanda mawu, kamera ili pafupi ndi diso, ndi ntchito ina. Ndipo filimuyo siimusiya ali woyera. Kumsasa kuja kukubwera mkulu wa zigawenga amene wakhala akutumbula amayi oyembekezera, mwendo wake utawola. Anton akumuchiza, anamwino ake akunyansidwa naye. Koma munthu uja atanyoza mtembo wa mtsikana amene wangomwalira, Anton akumukoka kumutulutsa kunja, n'kumusiya m'manja mwa khamu. Dokotala amene anapirira makofi ku Denmark walephera kupirira apa. Kuyenda kwake pochoka pamenepo ndi kumene ndimati ndi luso.

Naphiri: Ine filimu imeneyo inandikwiyitsa pena. Azungu onse ali ndi mayina, mabanja, mavuto a m'nyumba. Anthu akuda ndi khamu, ana othamangira galimoto, odwala, ndi chigawenga chimodzi. Africa angoiika kuti dokotala aphunzirepo za mtima wake.

Mphunzitsi Wopuma: Pamenepo sindikutsutsani mayi. Koma mlandu umenewo ndi wa olemba.

Naphiri: Wosewera amawerenga kaye asanavomere, aphunzitsi.

Nangozo wa ku Uppsala: Kubwerera kwa a Phiri. Mphoto zake zazikulu za kuno, zimene amazitcha Guldbagge, sanazipate chifukwa cha mfuti. Ya filimu ya Jan Troell ya 2008 anapata atasewera Sigfrid, bambo wonyamula katundu padoko ku Malmö kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900, chidakwa, womenya mkazi, koma akaledzeruka woseketsa ndi wokonda ana mpaka umamvetsa chifukwa chake mkaziyo sakuchoka. Ina anapata mu 2014 pa Mig äger ingen, m'mene ali bambo wogwira ntchito kufakitale ya zitsulo ku Västerås, wolera yekha mwana wamkazi mkazi atamuthawa, mowa ukumudya pang'onopang'ono. Imeneyo ndinaonera ndi anzanga a kuntchito ndipo mayi wina wachikulire anatuluka pakati, anati akuona bambo ake.

Kamwana: Ndiye zidakwa amazitha bwino 😂

Nangozo wa ku Uppsala: Usaseke kwambiri. Iye mwini anavutika ndi mowa ndi mankhwala ozunguza bongo, anafika kukhoti pa nkhani ya kokeni mu 2014, manyuzipepala a kuno anadya naye kwa zaka. Mu 2017 anatulutsa buku la moyo wake m'mene anafotokoza zimenezi poyera, pamodzi ndi matenda a maganizo aja amati bipolar. Sindikuulula chinsinsi, anaulula yekha.

Phiri wa ku Jozi: Ndiye mwandipatsa chipolopolo china. Wolusa amasewera chifukwa cha thupi, chidakwa amasewera chifukwa cha moyo wake. Akudzisewera yekha.

Chembe: A Phiri mukanakhala loya bwenzi tonse tili ku Maula.

Mphunzitsi Wopuma: Zidakwa zadzaza m'mabala, a Phiri, koma ndi zingati zingaime pamaso pa kamera n'kuonetsa manyazi a bambo amene mwana wake wamupeza atagona pansi? Kudziwa chinthu ndi kutha kuchionetsa ndi zosiyana. Musaiwalenso kumene anachokera. Anayamba ngati wovina, anaphunzira ballet. Mpata wake woyamba kubwalo lalikulu la zisudzo la Dramaten ku Stockholm unali wongoimirira kumbuyo mu King Lear imene Ingmar Bergman anakonza m'zaka za m'ma 1980. Munthu wophunzira kuvina amadziwa chimene phewa likunena. Muone mmene Gunvald amalowera pakhomo, chifuwa patsogolo, kenako muone Jakob pulambala mmene amaimira kukhitchini kwa chibwenzi chake Jean mu Sex Education, mapewa ali pansi, ngati akupepesa chifukwa cha kutalika kwake. Thupi ndi limodzi, anthu ndi awiri.

Kamwana: Jakob ndinkamukonda ine. Bambo wamasiye, wolera Ola, wosayankhula zambiri. Anamulakwira pomaliza paja, mwana amene Jean anabereka atapezeka kuti si wake n'kungomuchotsa. Gawo lachinayi mulibe n'komwe.

Naphiri: Amayi ambiri anayamba kuyang'ana mipope ya m'nyumba mwawo ngati ikudontha chifukwa cha bambo ameneyo, tisanamizane.

Chembe: Admin, a Naphiri ayamba.

Mbewe wa ku Chifubu: Ndakhala ndikuwerenga chete, koma poti nkhani inayamba ndi Hammarskjöld, ndiyankhuleko monga munthu wa ku Ndola. Kwa inu ndi filimu, kwa ife ndi malo amene timadutsa. Chikumbutso cha ngozi ya ndege imene inamupha chili pa mtunda wa makilomita ngati 10 kuchokera m'tauni, mukapatuka pamsewu wopita ku Kitwe, kufupi ndi bwalo la ndege latsopano la Simon Mwansa Kapwepwe limene anatsegula mu 2021. Pali mitengo yobzalidwa mozungulira, mulu wa miyala pakati, ndi chulu chimene amati mpamene anapeza thupi lake. Ana a sukulu amapita nawo kumeneko.

Ndege yake, DC-6 yotchedwa Albertina, inagwa usiku wa pa 17 kucha wa pa 18 September 1961. Munali anthu 16. Mmodzi yekha, Harold Julien, anapezeka wamoyo, koma anamwalira patapita masiku ochepa m'chipatala. Hammarskjöld ankabwera kudzakumana ndi Moïse Tshombe, mtsogoleri wa Katanga, chigawo chimene chinadzipatula ku Congo, kuti aletse nkhondo pakati pa asilikali a United Nations ndi a Katanga. Ndege inagwa pafupi chonchi ndi bwalo, koma akuluakulu a boma anakafika pamalopo masana a tsiku lotsatira. Anthu ootcha makala m'tchire lija ananena kuti anaona ndege ina yaing'ono pamwamba pa yaikuluyo, ndi moto kumwamba. Ofufuza a boma la atsamunda mu 1962 sanawerengere mawu awo, anagamula kuti woyendetsa ndege analakwitsa.

Mphunzitsi Wopuma: Ndipo a ku Malawi musaone ngati ndi nkhani ya eni. Nthawi imeneyo Ndola ndi Zomba zinali pansi pa boma limodzi, chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, nduna yaikulu Roy Welensky, amene mtima wake unali kwa Tshombe poyera. Boma limene linkati mboni zakuda sizodalirika ndi lomwe lija makolo athu ankalimbana nalo.

Mbewe wa ku Chifubu: Ndi zimenezo atate. Nkhaniyi siinatsekedwe mpaka lero. United Nations inaitsegulanso, ndipo amene wakhala akuitsogolera ndi Mohamed Chande Othman, amene anali mkulu wa oweruza ku Tanzania. Iye wakhala akudandaula kuti mayiko ena akukanirira zikalata zawo. Tsono ine poonera filimu ija maso anga sanali pa Persbrandt. Ndinkadikira kuti anthu a kuno apatsidwe malo. Koma filimu ndi ya munthu wa ku Sweden, yopangira anthu a kwawo, mtima wake uli mu ofesi ku New York ndi m'kusungulumwa kwa bamboyo. Ife tili kumapeto, kumene ndege ikugwera.

Naphiri: Mwaona? Ndi zomwe ndimanena zija. Kawiri konse munthu yemweyo, Africa ngati bwalo lovutikirapo mzungu wabwino.

Nangozo wa ku Uppsala: Ndikumva, achemwali, ndipo sindikana. Koma ndikuuzeni mmene zinaonekera kuno, chifukwa kusankhidwa kwake kunali nkhani payokha. Hammarskjöld kuno ku Uppsala ndi ngati woyera mtima. Anakulira m'nyumba yachifumu ya pa phiri ija, bambo ake ali bwanamkubwa, manda ake ali kumanda akale a mumzinda muno, ndimadutsapo popita kuntchito ndipo sipasowa maluwa. Anali mlembi wamkulu wa United Nations kuyambira 1953, anamwalira ali ndi zaka 56, mphoto ya Nobel ya mtendere anapatsidwa atafa kale. Sanakwatire, ankalemba za Mulungu ndi za mtima wake m'kabuku kamene kanasindikizidwa iye atapita. Munthu wodziletsa pa chilichonse. Ndiye Per Fly, wokonza mafilimu wa ku Denmark, akubwera n'kunena kuti munthu ameneyu amusewera Gunvald, yemwe uja wa m'manyuzipepala ndi kukhoti. Anzanga ena anaseka.

Koma n'chimodzimodzi ndi zimene aphunzitsi anena za dokotala uja. Hammarskjöld wa Persbrandt sakweza mawu, koma umaona kuti mkati muli moto umene akuukhalira. Akakhala yekha patebulo usiku, suona munthu wopanda chilakolako, umaona munthu amene wadzimana. Akanatenga wosewera wofewa bwenzi tikuonera chithunzi cha pakhoma kwa maola awiri.

Phiri wa ku Jozi: Safanana naye n'komwe. Hammarskjöld anali wochepa thupi, nkhope yosalala. Uyu ndi chimunthu.

Nangozo wa ku Uppsala: Kufanana nkhope ndi ntchito ya ojambula zithunzi, achimwene.

Phiri wa ku Jozi: Chabwino, ndifunse mwina. Ngati ndi katswiri chonchi, bwanji ku Hollywood anangomupatsa nyenyeswa? Beorn mufilimu yachitatu ya The Hobbit akuoneka kamphindi, ukaphethira wamuphonya. Mu King Arthur ya 2017 ndi mkulu wa ma Viking wongodutsa. Stellan Skarsgård ndi wa dziko lomwelo, onani kumene anafika. Max von Sydow bwanji?

Chembe: Apa a Phiri agoletsa.

Nangozo wa ku Uppsala: Sanagoletse, mpira wagunda nsanamira. Skarsgård anatulukira kunja m'zaka za m'ma 1990, akadali ndi nthawi yomanga dzina. Persbrandt zaka zimenezo anali womangika ndi Beck ndi zisudzo za pabwalo ku Stockholm, ndipo pomwe dziko linamuona kudzera mu Oscar ija anali akuyandikira zaka 50, pa nthawi yomwenso moyo wake unali pamavuto. Kunja kumafuna munthu wa ku Scandinavia pa ntchito ziwiri, chigawenga kapena Viking. Anapatsidwa zomwezo. Chodabwitsa n'choti amene anamupatsa mbali yofatsa kunja ndi a sewero la achinyamata la ku Britain.

Komanso si aliyense amene muyeso wake ndi Hollywood. Lars von Trier anamutenga mu 2022 pa gawo lomaliza la sewero lake la m'chipatala lija, The Kingdom, kukhala dokotala wa ku Sweden wodana ndi chilichonse cha ku Denmark, wodzimva, wopusa. Ndi zoseketsa zenizeni, ndipo akudziseka yekha ndi dziko lake. Amene amati satha nthabwala akaone imeneyo.

Kamwana: Alimonso mu filimu ya Eurovision ija ya Will Ferrell, eti? Mkulu wa banki wa ku Iceland uja?

Nangozo wa ku Uppsala: Yemweyo, 2020.

Mphunzitsi Wopuma: Chimene chimandisangalatsa ine ndi kuchoka kwake mu Beck. Ndi angati amasiya ntchito yotsimikizika, imene dziko lonse limakukondera, ali ndi zaka zopitirira 50? Ndipo sanasiye khomo lotsegula. Gunvald anaphedwa mufilimu ya 2016 imene inatchedwa dzina lake lomwelo, kuti pasakhale zobwerera. M'malo mwake analowa Kristofer Hivju wa ku Norway, wandevu zofiira uja wa mu Game of Thrones. Beck inapitirira, koma Jakob, dokotala wa von Trier ndi Hammarskjöld zonse zabwera pambuyo pa imfa ya Gunvald.

Nangozo wa ku Uppsala: Ndipo mpaka lero ukakhala ndi anthu a kuno pa khofi n'kutchula Beck, wina adzanena kuti inatha pomwe Gunvald anafa. Gunvald wa kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 sanali iye n'komwe, anali Rolf Lassgård, katswiri winanso, koma achinyamata ambiri sakumbuka zimenezo.

Phiri wa ku Jozi: Ine ndikadali pomwe ndinali, kungoti ya dokotala ija ndiifunafuna. Ndikaona makofi amenewo ndidzabwera.

Mbewe wa ku Chifubu: Mukabwera mudzandiyankhenso funso langa, chifukwa palibe wandiyankha. Filimu ya ootcha makala aja adzapanga ndani? Ena mwa iwo anadzaperekanso umboni atakalamba, patapita zaka zoposa 50, akunena zomwe zija ananena ali anyamata. Imeneyo ndi nkhani yokwana filimu yathunthu, ndipo Persbrandt akhoza kudzangooneka mphindi ziwiri ali pa chulu.

Naphiri: Imeneyo ndiye ndingalipire tikiti.

Chembe: Ndalama zake mupempha kwa a Sweden omwewo, ndiye adzakuuzani kuti muyambire ku New York 😂

Kamwana: A Nangozo, ndiyambe ndi iti? Data yanga ndi ya filimu imodzi.

Nangozo wa ku Uppsala: Ya Susanne Bier. Koma upeze yokhala ndi mawu olembedwa pansi, chifukwa iye amayankhula Chiswidishi, ena ambiri Chidanishi, ndipo Chingelezi chimamveka makamaka kumsasa. Beck usayambe, mafilimu ake ndi ambiri, bundle yako siikwana.